Angelina NyaZgambo, Mkazi wa M'kanema wa Khate

Angelina NyaZgambo anabadwira kufupi ndi Champhira, m'banja lolima chimanga ndi fodya. Sukulu analekezera Sitandade 4, koma pa masewero a kutchalitchi panalibe womuposa. Pa Khirisimasi ankakhala mayi amene asilikali a Herode amulanda khanda, ndipo akayamba kulira, amayi achikulire ankalira naye, ena mpaka kutukwana asilikali a zipewa za makatoni aja. Anakwatiwa ndi Yotam Shaba, amene ankatha miyezi yambiri ku esiteti ya fodya chakumalire a Kasungu. Yotam anali munthu wa mawu ochepa koma wofulumira dzanja.

M'chaka cha 1974 kunabwera Ajeremani awiri, mwamuna ndi mkazi, atanyamula makina ojambulira. Ankafuna kupanga kanema wophunzitsa anthu kuti khate limachizika, ndipo abusa anawalozera Angelina. Anamupatsa gawo la mkazi amene mwamuna wake wadwala khate, abale onse amuthawa, iye yekha n'kutsala naye. Wodwalayo anali Bennet Mhone, kalipentala wa ku Manyamula, amene ankamupaka zilonda za utoto. Kwa milungu itatu Angelina ankamusambitsa mapazi, kumumwetsa phala, n'kumamutchula kuti “mwamuna wanga” makina akujambula. Mzungu wamkazi uja ankangoti, “Yewo, yewo chomene,” poti mawu othokozawo ndi okhawo amene anaphunzira.

Kanemayo anabwera patapita chaka. Anamuonetsa masana ku Jenda, m'shedi ya chimanga, mazenera atatsekedwa ndi masaka. Pakhomo panaima anyamata a malaya ofiira, kuona makhadi a chipani. Yotam anali atafika kumudzi sabata yomweyo, ndipo anapalasa njinga atakweza mkazi wake. Angelina anali atamuuza kuti anajambulidwa, koma za mapazi sanatchule.

Nkhope yake itaoneka pansalu, yaikulu ngati chitseko, anthu anakuwa. Iye anagwira pakamwa ndi chimwemwe. Anali asanadzionepo akuyenda, ndipo anadabwa kuti amapendeketsa mutu ngati mayi ake. Kenaka pansalu paja anagwada, n'kuika phazi la Bennet pamiyendo pake.

“A Shaba!” anafuula munthu wina kumbuyo. “Mbwenu anakulandani inu muli ku fodya!”

Shedi yonse inafa nacho chiseko. Yotam anatuluka mwakachetechete, n'kubwerako ndi pampu ya njinga.

Pampuyo inayamba kumupeza Angelina pakamwa. Anamva mano akuthyoka ululu usanafike. Anagwera pakati pa mabenchi, Yotam n'kumukokera panja atamugwira mwendo.

“A Shaba, ndi sewero!” analira, magazi akuyenderera pachibwano. “Ndapota, ndi sewero chabe!”

“Sewero? Unamusambitsa mapazi! Ine unandisambitsapo liti?”

Anamumenya m'nthiti, pamsana, padzanja limene anatchinga nalo kumaso, mpaka pampu inapindika. Ataitaya anayamba kumuponda. Anyamata a malaya ofiira ankangoyang'ana. “Za m'banja izi,” anatero wamkulu wawo. M'shedimo kanema ankapitirira, mawu a Angelina akumveka pasipika akutonthoza wodwala.

Amene anamupulumutsa ndi Felesta, mayi wogulitsa nthochi pasiteji ya basi, yemwe sankamudziwa n'komwe. Anatola chiduswa cha njerwa n'kumutibula nacho Yotam kuseri kwa khutu. Yotam anagwada, kenaka anagwa chafufumimba. Felesta anatembenukira khamu limene linatuluka kudzaonerera. “Amuna nonsenu,” anakalipa, “mukudikira kuti afe kaye?”

Angelina anagona m'chipatala ku Mzimba milungu isanu. Mano anayi anali atachoka, nthiti ziwiri zitathyoka, ndipo dzanja lamanzere silinawongokenso. Akuchimuna anabwera kudzapepesa, iye anangotembenukira kukhoma. Ukwati unatha, koma poti ng'ombe za malowolo zinali zitalowa kale kwa a Zgambo, ana ake awiri anatsala kwa a Shaba. Chimenechi chinamupweteka kuposa pampu.

Anakhazikika pa Mzimba pomwepo, n'kumagulitsa zitumbuwa kumsika. Anamwino atamuzindikira anayamba kumuitana kuti azichita masewero pa tsiku la sikelo ya ana. Ndi zibowo za m'kamwazo, gawo la mkazi wabwino sanamupatsenso. Ankakhala mpongozi wankhanza, kapena bambo woledzera, atavala jekete lobwereka. Ankamenya chidole cha nsanza mwaukali moti ana ankabisala m'nsalu za amayi awo. Tsiku lina mayi wina anamugenda ndi mwala, n'kumung'amba pamwamba pa diso. Angelina anamaliza sewerolo magazi akudontha, ndipo mayiyo atabwera kudzapepesa, Angelina anamupatsa chitumbuwa.

Mu 1986 mwana wake Rute, ali ndi khanda kumsana, anabwera kusikelo. Sanamuzindikire wovala jeketeyo kufikira atamva mawu ake. Anadikira anthu onse atabalalika.

“Amama,” anatero, “ndine Rute.”

Angelina anakhala pansi pomwepo, chipewa cha sewero chikadali kumutu, n'kutambasula dzanja labwino lija kuti alandire mdzukulu. Kuyambira chaka chimenecho ankakhala ndi Rute. Anamwalira ndi chibayo mu 1992.