Khoma la Apongozi

Ndinali ndi zaka khumi pamene bambo anamaliza kukonza nyumba yathu ku Croydon. Anali katswiri wojambula mapulani a nyumba, ndipo dzina lawo linali litayamba kumveka mu London. Anagula nyumba yakale n'kugumula makoma onse a zipinda zapansi, moti khitchini, podyera ndi pabalaza zinangosanduka chipinda chimodzi chachikulu chowala. Alendo akamayamikira, bambo ankayenda ngati tambala. A magazini ina ya zomangamanga analonjeza kudzaijambula.

Kenako agogo, amayi awo a amayi anga, anafika kuchokera ku Dedza kudzachitidwa opaleshoni ya maso. Kwathu mkamwini ndi apongozi ake sadyera pamodzi, ngakhale kukhala moyang'anizana. Bambo ankadziwa zonse za kuwala ndi mpweya m'nyumba, koma izi zokha anaziiwala.

Agogo sanadandaule. Bambo akangolowa, iwo ankanyamula mbale yawo n'kukwera masitepe mopapasa, kukadyera kuchipinda. Tsiku lina anaphonya sitepe, mbale inasweka, bondo linatupa. M'mawa mwake ndinapeza atamanga chingwe pakati pa chipinda chachikulu chija n'kupachikapo zitenje ziwiri zonunkha utsi wa kumudzi.

Bambo anaziyang'ana nthawi yaitali. “Chikondi, tachotsa nsaluzo,” anandiuza. “Ojambula akubwera wikendi ino.”

Ndinachotsa, ndipo kunena zoona ndinakondwa, chifukwa zinkandichititsa manyazi kwa anzanga. Masana omwewo agogo anayamba kulongedza.

“Bambo a Chikondi, amayi akuti azipita opaleshoni isanachitike,” amayi anga anatero. “Akuti bola khungu kusiyana n'kukulakwirani ulemu. Nyumba yanuyi ilibe pobisala.”

Loweruka bambo analawirira, n'kubwerako ndi matabwa. Anakhoma okha khoma lolekanitsa podyera ndi pabalaza, lopanda utoto, misomali ili poyera. Ojambula atafika analizungulira, anamwa tiyi, n'kutsanzika makamera ali m'zikwama. Nyumba yathu sinatuluke m'magazini. Bambo zinawapweteka kwambiri, ndipo kwa nthawi ndithu sankaitananso anzawo.

Agogo anamasula katundu wawo. Opaleshoni inayenda bwino, anayambanso kulowetsa okha ulusi m'singano. M'mawa uliwonse bambo ankaima mbali yawo ya matabwa, kapu ili m'manja.

“Mwadzuka bwanji amayi?”

“Ndadzuka bwino bambo, kaya inu? Kodi sukulu mukumanga ija yafika pati?”

Ankacheza choncho mpaka bambo kuchedwa sitima. Nkhani za kuntchito zimene ife sankatiuza, za mapulani okanidwa ndi anthu owanyoza, ankawauza agogo kudzera pamatabwapo.

Bambo anadzatchukadi. Sukulu ndi nyumba zowerengeramo mabuku zimene anajambula zilipo mpaka lero, ndipo ophunzira amapita kukaziona. Khoma lija salitchula akamakamba za ntchito yawo, koma sanaligumule.

Ndili mwana ndinkaganiza kuti agogo ankawathawa bambo chifukwa chowada. Tsopano ndikudziwa kuti pali anthu amene amayandikirana pokhapokha pakati pawo pali chotchinga. Pamaliro a agogo ku Dedza, amene analira mpaka kugwiridwa anali bambo, kulirira munthu amene sanamuyang'anepo m'maso.