Lipenga la atate pa njinga ya nsomba

Atate anabwerera ku Chadiza kuchokera ku migodi ndi mabokosi atatu, ndipo anthu a kwathu ku Zingalume anakhamukira kunyumba poganiza kuti muli mabulangete ndi mapoto a ku migodi. Atatsegula tinaona lipenga lamkuwa lopindika, lija amati sakisofoni, chitoliro chachitsulo, gitala, kalimba, ting'oma tiwiri ndi mabelu a njinga omangidwa pa waya. Azakhali anga, mlongo wawo wa atate, anali atayenda wapansi kuchokera ku Zemba. Anasuzumira m'mabokosi onse atatu, kenaka anafunsa ngati katundu weniweni akubwera pambuyo.

Zaka zimenezo migodi inkachotsa anthu ntchito, ndipo makalabu amene atate ankaimbamo ankatsekedwa limodzi limodzi. Ine ndinali wamkulu kale, ukwati wanga utatha, ndikulima mtedza ndi amayi. Atate ndinkawadziwa pa zithunzi zokha, atavala jekete loyera. Amene anabwera anali munthu wowonda, wotsokomola, wosachedwa kupsa mtima ngati ine ndemwe.

Ku makalabu ankaimba nyimbo zovinitsa anthu oledzera, ndipo ankati imeneyo inali ntchito chabe, ngati kupalira. Zimene ankazikonda anayamba kuziimba atafika kumudzi, pansi pa mtengo wa mango kuseri kwa nkhokwe. Nyimbo zake zinalibe poyambira podziwika, zinalibe poti anthu avomere. Lipenga linkabuula chapansipansi, kenaka n'kukuwa, n'kuseka, n'kukhala chete, iwo n'kuliika pamwendo n'kutenga kalimba, phazi likugwedeza mabelu aja. Dzulo lake ndi lero lake sizinkafanana.

Anthu anaweruza msanga. Anati migodi yawazunguza mutu. Akwaya anawaitana kamodzi kutchalitchi, ndipo pakati pa nyimbo atate anasiya njira ya onse n'kulowera kwawo. Sanawaitanenso. Koma anthu omwewo, gule akatuluka kudambwe, ankaimirira tsiku lonse padzuwa kumvera ng'oma ya mbalule ikulankhula zimene palibe anazilemba. Atate ankanena zimenezi akupsa mtima.

"Woimba mbalule sawerenga. Amayang'ana miyendo ya chilombo, n'kuiyankha. Ine ndimayankha zimene ndikumva. Chavuta n'chiyani, mkuwawu?"

Ine ndinayamba ndi kuwasemera timabango. Pouzira pa lipengalo pamakhala kachidutswa ka bango kopyapyala kamene kamanjenjemera munthu akauzira, ndipo togula tawo titatha tinkadula bango kudambo, ine n'kumalipala ndi lezala mpaka kuwala kuonekere mbali inayo. Kuti ndidziwe ngati ndasema bwino ndinayenera kuuzira ndekha. Milomo inatupa, amayi anandinyoza kuti mkazi wamkulu ndikusewera ndi malovu a atate anga. Miyezi ingapo itapita, tsiku lina ndinaliza china chake chimene sindinachiganize, atate n'kundiyankha ndi chitoliro. Tinapitiriza mpaka mbuzi zinabwerera kukhola. Sindinalankhulepo ndi munthu momasuka chonchija, ngakhale ndi mwamuna amene ndinakhala naye zaka zisanu.

Tsiku lomwelo anandiuza, amayi ali pomwepo akusenda mtedza: "Mwanawe, lipenga ili ndi lako. Zinazi atenge amene akufuna."

Anamwalira dzinja lachitatu, chifuwa chija chitawagonjetsa. Tsiku la kumeta, tonse mitu ili mbee, abale a atate anatulutsa katundu pabwalo. Kwathu mwamuna ndi mkamwini, mlendo m'mudzi wa mkazi wake, ndipo zake zimabwerera kwa ana a mlongo wake. Mwambowu ndinkaudziwa bwino, sindinkafuna jekete kapena wailesi. Ndinagwada pamaso pa azakhali n'kunena zimene atate anandiuza.

"Anakuuza pamaso pa yani?"

"Amayi analipo."

"Mkazi ndi mwana. Ndiye umboni umenewo? Ife abale ake sitinamve."

Awa ndi azakhali omwe aja amene anafunsa za katundu weniweni. Zaka zitatu sanakhalepo pansi pa mango uja ngakhale kamodzi. Lero lipenga linali la mtundu wawo. Analipereka kwa mwana wawo wamwamuna, msuweni wanga, wogulitsa nsomba zouma pa njinga. Iye analinyamula chozondotsa ngati akunyamula nkhuku, n'kundiseka mwachisuweni.

"Usalire, mkazi wanga. Ukalifuna uzibwera kudzandiphikira."

Anthu anaseka, poti chisuweni sakwiyira. Ine ndinakwiya, ndipo mpaka lero sindinaleke.

Patapita milungu ingapo, ndili m'munda, ndinamva kulira kumsewu. Khasu linandigwa m'manja. Anali mawu a mkuwa uja, sindikanawasokoneza ndi china chilichonse, koma ankatuluka ngati mbuzi yopanikizika pampanda. Ndinathamanga. Msuweni uja anali atachotsa khosi la lipenga pamodzi ndi pouzira pake, n'kulimangirira pa chiwongolero cha njinga ndi mphira wa chubu. Akafika pamudzi ankawerama n'kuuzira kuti azimayi a pamenepo adziwe kuti nsomba zafika.

"Thupi lake lili kuti?" ndinafunsa.

"Kunyumba. Amayi amathirira nalo chimanga m'matumba, kukamwa kwake n'kotakata bwino. Timabatani take ana anazula."

Ananena zimenezi mosangalala, ngati munthu amene wapezera ntchito mlesi. Ndipo mayi wina woyandikana nafe, akusankha nsomba m'dengu, anatembenuka n'kundiuza mwachifundo chenicheni kuti akamva kulirako amakumbukira malemu, chifukwa ndi momwemo ankalizira. Ndikanakonda akanandimenya mbama. Zaka makumi atatu munthu akuphunzira kulamulira mpweya wake, ndipo m'makutu mwa anthu a kwathu iye ndi wogulitsa nsomba anali chimodzimodzi.

Lachiwiri lililonse njinga ija inkadutsa. Ndinkalowa m'nyumba, koma mawuwo ankanditsatira. Ndinapita ku Zemba kawiri kukapempha, ulendo wachiwiri nditanyamula nkhuku. Azakhali analandira nkhukuyo n'kunena kuti nkhani ya maliro inatha.

Kenaka Lachiwiri lina njinga inafika mwakachetechete. Kabango kaja kanali katang'ambika, ndipo msuweni wanga sankadziwa kuti mawu amachokera pamenepo. Ankangouzira mphepo, masaya atatupa. Ndinalowa m'nyumba, ndinatenga kabango komaliza kamene ndinasemera atate, kamene sanathe kukayesa. Ndinamasula mphira uja osamupempha, ndinamangirira kabangoko pouzira paja, n'kuima pakati pa msewu.

Khosi lokha lilibe mabatani, koma atate anandiphunzitsa kupinda mawu ndi milomo ndi chikhatho. Ndinayamba chapansipansi monga ankayambira iwo. Ndinaliza chifuwa chawo, ndinaliza tsiku la kumeta, ndinatukwana azakhali ndi mudzi wonse popanda liwu limodzi la munthu. Ndinatseka maso, misozi ikulowa m'kamwa, ndipo kwa kanthawi ndinayembekezera ndithu kuti chitoliro chindiyankha kuseri kwa nkhokwe. Mumtima ndinkati lero amva. Lero adziwa kusiyana kwake.

Nditatsegula maso anthu analidi atabwera, ochuluka kuposa masiku onse. Amayi a mudzi wathu, ena a kutsidya kwa dambo, onse atazungulira njinga. Aliyense anali ndi mbale m'manja.

Msuweni wanga anagulitsa dengu lonse dzuwa lisanafike pamutu. Atamaliza anatenga khosi lija m'manja mwanga, anapukuta pouzira pake ndi malaya onunkha nsomba, n'kulimangiriranso pa chiwongolero.

"Iwe ndiye umadziwa kuitana anthu," anatero. "Lachiwiri likubwerali udzalizenso."