Maluwa Achikasu a Mayi Zelipa

Ku Bangwe, kumunsi kwa msika, panalibe munthu wosawadziwa mayi Zelipa Yona, ochapa zovala. Anabadwira ku Milanje, tsidya la Mozambique, koma anakulira mu Limbe. Amuna awo atamwalira, iwo anangotenga beseni n'kuyamba kuchapira anthu a m'maofesi. Anali aatali, amawu aakulu, osachedwa kuyankha.

Nyumba yawo inali kumunsi kwa mpopi wa anthu onse. Madzi otayika pampopipo ankatsetsereka n'kudzadikha pakhomo pawo, chaka chonse matope okhaokha. Anzawo ankawauza kuti asamuke.

"Ndithawe madzi ine?" ankatero. "Dikirani muone."

Tsiku lina, pochokera ku maliro ku Muloza, anabwera ndi timitengo taminga atatikulunga m'chitenje chonyowa. Anati ndi haibisikasi wa m'dambo, duwa lokonda chinyontho. Anakumba kangalande kokhotakhota kuti madzi aziyenda pang'onopang'ono, nabzala timitengoto m'mbali mwake. Ankathirapo manyowa a nkhuku, kuwaza phulusa nsabwe zikagwira masamba, ndipo mvula ikatha ankadulira nthambi mopanda chisoni. Posakhalitsa pamatope paja panamera mpanda wofika m'mapewa. M'mawa uliwonse unkatsegula maluwa achikasu, pakati pake pofiira moderako, ndipo pofika madzulo anali atafota, ena akudikira mawa.

Kenako chinafika chisankho cha 1994, mtundu uliwonse wa nsalu unasanduka wa chipani. Bambo Jerome, oyandikana nawo nyumba, amene ankasoka nsapato, anaima pampanda nkhope ili gwa.

"Mayi Yona, ndiye mwaonetsa poyera mbali yanu. Yelo yekhayekha chonchi?"

"Bambo Jerome, maluwawa anayamba chikasu zipani zisanabwere. Kapena mukufuna ndiwapente?"

Amayi amene ankatunga madzi anaseka mpaka kutula zidebe. Patapita masiku ochepa kunabweranso anyamata a kampeni, kupempha maluwa oti akongoletsere lole yawo. Mayi Zelipa anawalandira bwino, koma anakana.

"Mukathyola pano, musanafike mu Limbe akhala atafota. Kaguleni nsalu, ana anga."

Vuto lenileni linabwera dzuwa litakula chaka chomwecho. Mpopi unauma, ngalande inang'ambika, masamba anayamba kufota. Haibisikasi wa m'dambo sapirira ludzu. Mizu yake ikangouma, basi. Mayi Zelipa sanakhale pansi n'kumadandaula. Anasamutsira kuchapa kwawo kukamtsinje, ndipo pobwerera ankasenza chidebe pamutu, zovala zonyowa atabereka kumbuyo. Madzi a sopo wambiri ankataya kutali, otsukuluzira omaliza okha ndi amene ankathirira, patsinde penipeni, dzuwa lisanakwere. Anaphimbira mizu ndi udzu ndi makoko a nthochi, nadula nthambi zambiri kuti zotsalazo zimwe mokwanira.

"Anthu tikusowa akumwa, inu mukumwetsa maluwa?" anafunsa mayi wina panjira.

"Akumwa otsala pa zovala zanu zomwe," anayankha osaima n'komwe. "Khosi likupweteka ndi langa."

Zitsamba zina zakumapeto zinauma ndithu. Anazizula okha. Koma zapakati zinalimba, ndipo mvula itagwa zinaphuka mwamphamvu kuposa kale.

M'pamene anayamba kuika nthambi m'mapepala a shuga n'kumagulitsa mbande m'mbali mwa msewu, pafupi ndi siteji ya minibasi. Sankagulitsa kwa aliyense. Choyamba ankafunsa: "Kwanu kuli chinyontho?"

Bambo Hawkins Gondwe, kalaliki wa boma wokhala ku Naperi, anavomera kuti pakhomo pawo m'pouma ngati pamwala, koma akazi awo analikonda duwalo.

"Bafa lanu limatayira kuti madzi?"

"Kuseri, m'kadzenje."

"Ndiye mbande musatenge lero. Loweruka ndibwera ndidzaone."

Loweruka lake anakweradi minibasi, khasu ali nalo m'manja, mbande zili pamiyendo, akukangana ndi kondakitala amene ankati matope adetsa mipando. Atafika ku Naperi anazungulira nyumba yonse, kuponda apa, kufukula apo, kenako anaima kuseri kwa bafa nalemba mzere wa ngalande pansi ndi chala cha kuphazi.

"Bambo Gondwe, vulani jekete," anatero akuwapatsa khasu. "Tiyambira pano."