Mwezi wa Panjira

Ndikukumbukira chulu chimene chinali kuseri kwa nkhokwe yathu, m'mudzi wina wa kwa Zingalume, m'zaka za m'ma 1950. Chinali chofiira, chachitali kuposa amayi, ndipo pamwamba pake panamera kamtengo ka mpoza. Pansi pa chulucho panali dziko. Amene analitulukira ndi mlongo wanga wamkulu, aTikambenji, ali pasukulu ya mishoni. Ine ndinali ndisanayambe sukulu, chifukwa dzanja langa ndikalidutsitsa pamutu linali lisanafike pakhutu.

Dzikolo analitcha Pansipachulu. Anthu ake tinkawaumba ndi dongo la kudambo, ng'ombe zawo tinkazibaya minga ya mthethe kuti zikhale ndi nyanga. Koma chimene aTikambenji anachikonza mosamala kwambiri chinali kalendala ya anthuwo. Ankati anthu a pansi sadziwa Januwale kapena Febuluwale, chifukwa mayina amenewo sadyedwa ndiponso sanunkhira. Chaka chawo chinkayamba ndi Mwezi wa Inswa, pamene mvula yoyamba yagwa ndipo dothi likununkhira. Kenako kunkabwera wa Bowa, wa Njala, wa Dowe. Kunali Mwezi wa Zikang'a, pamene mapazi athu ankang'ambika ndi chisanu n'kumawawa tikawaviika m'madzi, ndi wa Mbewa, tchire litapsa. Womaliza unali wa Nyenje. Mwezi watsopano ukaoneka kumwamba, tinkaika mwala umodzi m'kaphanga ka m'mbali mwa chulu.

Kalendalayi inayamba chaka chimene atate anapita ku Walale, komwe lero timati Harare, kukagwira ntchito m'mafamu a fodya. Ananyamuka wapansi nyenje zikulira, atandigwira pamutu n'kunena kuti ikatha miyezi khumi ndi iwiri adzabwera. Ine sindinkadziwa kuwerenga kupitirira zala zanga, koma miyala ndinkaidziwa. Tsiku lililonse ndinkapita kukaigwira.

Mwala womaliza tinauika. Nyenje zinalira, mwezi unakula, unafa. Atate sanaoneke.

Amene anandiuza liwu loti kutchona anali Lazaro, mnzanga wa khomo loyandikana, tikutema ndodo zokumbira mbewa. "Atate ako atchona ngati anga," anatero, osakweza n'komwe mutu. "Akwatira komweko. Usamadzivutitse." Kutchona kunali kupita kuntchito kutali osabwereranso, osatumiza ngakhale moni. Mudzi uliwonse unali ndi nyumba za matchona, zodziwika ndi udzu wothothoka padenga.

Kuyambira tsiku limenelo ndinasiya kudya bwino. Ndinkakhala pamphambano, dzuwa likuswa mtengo, kuyang'ana aliyense wosenza mtolo. Amayi anandikalipira, anandinyengerera ndi chiponde, koma osathandiza. Ndiye masana ena aTikambenji anabwera pamphambanopo n'kukhala pambali panga.

"Iwe Yohane, ndinaiwala kukuuza. Ku Pansipachulu kuli mwezi wina pambuyo pa Nyenje."

"Mukunama. Miyala yakwana."

"Yakwana ya pamwamba. Uwu ndi Mwezi wa Panjira. Suoneka kumwamba, ndipo mwala wake saika poyamba, amaika pomaliza."

"Umatha liti?"

"Munthu wa paulendo akafika. Asanafike sutha. Ndipo amene wakana phala m'mwezi umenewu amautalikitsa."

Ndinadzuka n'kupita kukadya.

Vuto linali lakuti za pamwamba sizinkamvera lamulo la aTikambenji. Mvula inagwa, inswa zinatuluka pachulu chathu chomwecho, zambirimbiri, tinazikazinga mpaka milomo kuwala. Nditawauza kuti umenewu ndi Mwezi wa Inswa, anayankha kuti inswazo zasokonezeka, sizinapite kusukulu. Bowa utamera anati ndi bowa wachaka chatha umene unachedwa. Ndinkakayika pang'ono, koma ndinkafuna kukhulupirira, ndipo iwo ankalankhula nkhope ili gwa ngati mlaliki.

Atate anafika chimanga chili ndi ndevu. Anzawo ankabwera ndi njinga ndi masutikesi, koma iwo anali ndi bulangete limodzi ndi chifuwa chimene chinawagoneka m'chipatala kumeneko. Anaonda moti galu wathu anawauwa. Anaima kumapeto kwa bwalo ngati mlendo, chipewa chili m'manja, maso pansi.

"Ndachedwa, ana anga," anatero.

"Iyayi atate, simunachedwe," ndinawayankha. "Mwezi wa Panjira watha lero."

Sanamve chimene ndinkatanthauza, koma anakhala pansi pomwepo n'kundikokera pachifuwa chawo. Malaya awo ankanunkha fodya ndi fumbi. ATikambenji anapita kuchulu kukaika mwala, ndipo anakhalitsa kumeneko. Anadzandiuza tili akuluakulu kuti anakalira, chifukwa nawonso ankaganiza kuti atate atchona. Usiku uliwonse ankada nkhawa kuti mawa andinamiza chiyani.

Ndikugwira ntchito ya nyuzipepala ndinadzadziwa kuti miyezi khumi ndi iwiri ya kumwamba imaperewera pachaka ndi pafupifupi sabata ndi theka, ndipo mitundu ina inkawonjezera mwezi wachikhumi ndi chitatu kuti nyengo zisasemphane. Nditawauza aTikambenji anaseka. Anati iwo sankakonza nyengo, ankangofuna kuti ndidye.

Chulu chija anachigumula n'kuumbira njerwa. Masiku ano tsiku limaoneka pafoni, ndipo wa paulendo akachedwa pang'ono timamuimbira n'kumufunsa kuti ali pati. Ndi bwino choncho, sindikutsutsa. Koma mdzukulu wanga atayamba kufunsa za amayi ake amene ali kuntchito ku Joni, ndinaona kuti foni imanena tsiku lokha, siiphunzitsa kudikira. Ndinamutuma akatole miyala.