Theche Limene Alojzy Analidikira

Malovu aja anamutera patsaya Alojzy Pytlik ali pamzere wogula nyama mumzinda wa Łódź. Womulavulirayo anali mayi wovala zakuda.

"Ndiwe unawombera ana aja, galu iwe! Ndakuona m'kanema!"

Palibe anamuikira kumbuyo. Anapukuta ndi mkono wa jekete n'kuchoka pamzerepo wopanda nyama. Nkhondo yolimbana ndi Ajeremani inali itatha, koma mabala anali akadali aawisi.

Inu amene mukuona ngati dziko linakuvekani chovala chosavulika, tcherani khutu.

Alojzy anali wakwathu ku Silesia, mwana wamasiye. Bambo ake anafera mumgodi wa malasha. Ife kumeneko tili ndi kalankhulidwe kathu kosakanikira Chijeremani, ndipo a mumzinda waukulu amatiseka nako mpaka lero. Atapita kukayesa mwayi kusukulu ya zisudzo, mphunzitsi anamudula pakamwa.

"Ukulankhula ngati watafuna malasha. Bwerera kumgodi."

Opanga makanema okha ndi amene anamufuna. Anali wamtali, wa maso ozizira, wodziwa kukuwa m'Chijeremani, ndipo kanema aliyense wa nkhondo ankasowa wakupha. Anamuveka yunifolomu ya mdani. Munthuyu anafa kambirimbiri m'makanema, ndipo nthawi zonse anthu ankaomba m'manja kuti wafa.

Chomupweteka kwambiri chinali chakuti mayi ake, a Gertruda, sanamuonepo akusewera.

"Ine ndinabereka mwana wa munthu wa mumgodi, osati chinthu chimakuwa chija," anatero. "Ukadzavula yunifolomuyo udzandiitane. Koma ufulumire, maso angawa akutha."

Tsiku la malovu lija anapita kwa wotsogolera kanema kukatsanzika.

"Wapenga? Nkhope yakoyi ndiye munda wako."

"Mundawo usanduke tsala, bwana. Ine sindilimamonso."

Analowa kagulu ka zisudzo koyendayenda pa lole. Sanamupatse mbali. Ankanyamula matabwa, kukhoma misomali ndi kukoka chinsalu m'maholo ozizira moti owonerera sankavula zikhoti. M'mawa uliwonse ankaluma chotsekera botolo n'kumalakatula ndakatulo kuti lilime liwongoke. Anzake ankafa nazo kuseka.

"A kaputeni, lero mwalanda dziko liti?"

Iye ankangoseka nawo, mtima ukuwawa. Kuona maso a nkhono n'kudekha.

M'gululi munali mayi Leokadia, katswiri wachikulire amene mwana wawo anawomberedwa pankhondo. Alojzy akalowa, iwo ankatembenukira kukhoma. Tsono ife a zisudzo tili ndi mwambo: sewero latsopano likamayamba, wosewera aliyense amamenyedwa theche kumatako kuti ziyende bwino, ndipo sathokoza, chifukwa kuthokoza kumathamangitsa mwayi. Pagululi womenya matheche anali mayi Leokadia. Ngakhale dalaivala wa lole ankalandira lake. Alojzy yekha ankamudumpha.

Zaka zinapita. Ena akanabwerera ku yunifolomu, poti kumeneko mimba inkakhuta. Iye anakakamira matabwa ake, akuloweza mbali za anthu onse kuseri kwa chinsalu.

Kenako kunabwera sewero la munthu wa mumgodi amene mwana wake wakwiririka pansi. Onse amene anayesa mbali ya bamboyo ankalira mokongola ngati ali patchalitchi. Alojzy anatula thabwa pansi.

"Ndiyeseko, bwana."

Anayamba ndi Chipolishi chosalala, chilankhulo cha mumzinda chija anachivutikira. Mkulu wa gulu anakweza dzanja.

"Mawu ndikuwamva onse, wachita bwino. Koma bambo ako ankalankhula choncho?"

Alojzy anayambiranso. Atatsegulanso pakamwa, panatuluka mawu a kwathu, a malasha omwe aja anamuthamangitsira, koma tsopano omveka mpaka kukhomo. Mbali anamupatsa.

Sewero linakayambira m'tauni ya kwawo. Mayi Gertruda anabwera atagwiridwa mkono ndi mnansi, n'kukhala kutsogolo kwenikweni kuti aone. Alojzy anaima kuseri, chisoti cha mumgodi kumutu. Matheche anayamba kumveka, wina ndi wina, monga mwa mwambo. Iye anayang'ana pansi kudikira kudumphidwa.

Phaa! Anatsala pang'ono kugwera pachinsalu. Atacheuka anaona mayi Leokadia akukonza nsapato, misozi ili m'maso.

"Mayi, ziko..."

"Tseka pakamwa, chitsiru iwe! Ukufuna kutigwetsera tsoka? Pita, mwana wanga."

Tsiku limenelo amuna a mumgodi, anthu osalira ngakhale pamaliro, ankapukuta mphuno ndi zipewa. Sewero litatha, anthu anaimirira kuombera m'manja Alojzy wamoyo. Mayi ake anamugwira nkhope ndi manja onse, akuipapasa.

"Sindinaone bwino," anatero. "Koma ndawamva bambo ako."

Alojzy anasewera mpaka tsitsi litayera, pabwalo la zisudzo ndi m'makanema omwe, ndipo yunifolomu ija sanaivalenso. Atakalamba, ndi iye ankamenya achinyamata matheche, ndipo sankadumpha munthu.

Mwina nanunso anakupatsani mbali imene simunasankhe, ndipo ikukudyetsani koma ikukudyani. Ivuleni. Nyamulani matabwa ngati ndi zimene zilipo, lowezani mawu anu, khalani pafupi ndi chinsalu. Osataya mtima, theche lanu likubwera, ndipo likafika musatembenuke. Lowani.