Manja a Che Adamu

Ku Kawale aliyense ankamudziwa Yaseen, koma womumvetsa panalibe. Anabwera ndi kamera ya matepi kuchokera ku Joni m'chaka cha 2003, anthu n'kumati basi, wojambula maukwati tamupeza. Iye ayi. Ankatha m'mawa wonse akujambula madzi akudontha pampopi, kapena mapazi a anthu otsika minibasi ku Biwi. Ukamufunsa, ankati akupanga filimu yoonetsa moyo mmene ulili. Anthu ankangopukusa mitu, mpaka anasiya n'kufunsa komwe. Ankayenda yekha, ndipo zimene wajambulazo ankaoneranso yekha, chitseko atatseka.

Filimu imene anaikirapo mtima inali ya bambo ake, Che Adamu, telala wa pakhonde la sitolo ina pamsika. Mkuluyu kamera ankaikonda. Akangoiona ankakonza kofia, kuwongola msana, n'kuyamba kumwetulira.

"Ababa, musamayang'ane kuno. Inu muzingosoka," ankatero Yaseen, kamera ataloza pansi.

Iye ankafuna manja okha: zala zikukankha nsalu, choko, sizasi, ndi phazi likupalasa makina. Malinga ndi nzeru zakezo, nkhope imanama ikaona kamera. Anajambula motero zaka ziwiri, osamva za munthu.

Kenako Che Adamu anadwala masiku ochepa n'kumwalira. M'nyumba munalibe chithunzi chawo ngakhale chimodzi, poti ankati apitirenji ku situdiyo mwana wawo ali ndi kamera. Choncho tsiku la sadaka, abale ochokera ku Mangochi anadzaza pabalaza kuti awaonenso malemuwo. TV anachita kubwereka kwa aneba. Mayi ake a Yaseen anakhala kutsogolo kwenikweni, mpango atakonza bwinobwino ngati akudikira mlendo. Yaseen anali ndi mantha komanso kachimwemwe, chifukwa aka kanali koyamba kuti anthu akhale pansi kuonera ntchito yake.

Panaoneka manja. Makina analira, manjawo anatembenuza nsalu n'kudula ulusi. Anthu anadikira kuti kamera ikwere, koma sinakwere. Ana ndi amene anayamba kutuluka, kenako azibambo, aliyense ndi chifukwa chake. Pabalaza panatsala Yaseen ndi mayi ake.

Mwadzidzidzi panamveka mawu a malemuwo mu TV muja: "Kodi iwe, ukujambula ine kapena makinawa?" Anaseka, phewa lawo likugwedezeka m'mphepete mwa chithunzi.

Mayi aja anasendera pafupi. Anawerama n'kusuzumira cham'mwamba, ngati mmene munthu amasuzumirira pawindo, kuti mwina n'kuona chimene chili pamwamba pa phewalo.

"Kweza pang'ono, mwanangu," anatero osacheuka. "Ndingowaonako kamodzi."

Yaseen anayang'ana rimoti imene inali m'manja mwake, mabatani onse ali apo, koma panalibe poti n'kudina.