Kapu ya Ulusi Wofiira

Amayi anga atamwalira, agogo sanataye kapu yawo. Inali kapu yachitsulo, yoyera, yosupuka kumlomo, ndipo pachogwirira pake panali ulusi wofiira umene agogo anamangapo kuti wina asamwere mosadziwa. Amayi anatsokomola nyengo ziwiri za mvula. Bambo anali atatsogola kale ndi chifuwa chomwecho. Maliro atatha, agogo anatsuka kapu ija ndi phulusa, n'kuisomeka kudenga pakati pa udzu ndi phaso. Ine ndinali wamng'ono, koma ndinaona pamene anaiika.

Tinatsala awiri m'mudzi wina kufupi ndi Lirangwe. Agogo ankagulitsa palafini pamsika. Zinali zaka zija zipani zitachuluka, aliyense ali ndi kageni kake, koma magetsi kwathu kunalibe ndipo nyumba iliyonse inkaunikira koloboyi. Amalume, mlongo wawo wa amayi, ankasesa pabwalo la ndege ku Chileka, ndipo ndiwo ankatibweretsera chigubu chachikulu cha palafini mwezi ukatha. Chigubucho chinali cholemera, kuchipendeketsa kunali kutaya mafuta. Choncho tinkachikweza pampando, n'kulowetsamo kapayipi, n'kukoka ndi pakamwa mpaka mafuta ayambe kubwera, kenako n'kulozetsa msanga m'botolo. Agogo mpweya unali utayamba kuwachepera, ndiye nditafika Sitandade 6 ntchitoyo inakhala yanga. Luso lake lonse ndi kudziwa nthawi yochotsa kapayipi pakamwa. Kulawako pang'ono kunali kwa masiku onse. Umalavula, kuchukucha madzi, kutafuna nzimbe, basi ntchito n'kupitirira.

Chaka chimenecho, nyengo yozizira itayamba, amalume anabwera ndi kapayipi katsopano chifukwa kakale kanali katang'ambika. Kameneka kanali kotakata. Ndinakoka ndi mphamvu imene ndinazolowera, mafuta n'kubwera onse nthawi imodzi. Ndinatsamwa, ena anatulukira m'mphuno, ena ndinameza.

Agogo sanachedwe. Anasungunula mchere m'madzi ofunda, kundimwetsa, kundipisa chala kukhosi.

"Sanza mwanawe, sanza zonse. Zisagone m'mimba."

Ndinasanza mpaka nthiti kupweteka. Kenako anandigulira mkaka kugolosale. Amayi onse a m'mudzi ankadziwa kuti mwana akamwa palafini umatero, ndipo oyandikana nafe anawayamikira agogo kuti achita changu. Ndinageya fungo la palafini masiku angapo, kenako linatha, ndipo tonse tinati zatuluka. Nkhaniyo inathera pomwepo.

Thupi litayamba kutentha tinati ndi malungo. Chifuwa chitayamba tinati ndi chisanu, poti mwezi umenewo kunkagwa mawawa ndipo theka la kalasi lathu linkatsokomola. Anzanga anachira, ine ayi. Ndikakwera kamtunda kochokera kuchitsime ndinkatula ndowa kuti ndipume. Diresi ya yunifolomu inayamba kundikulira.

Pamsika, pafupi ndi agogo, pankakhala mayi wina wachisilamu wogulitsa usipa, mnzawo wakalekale amene ankanyozana naye tsiku lonse. Tsiku lina ndikudzaza mabotolo kumbuyo kwa benchi ndinamva akunena motsitsa mawu.

"Anzanga, mdzukulu wanuyu katsokomoledwe kake ndikukadziwa."

"Mukukadziwa munaphunzira udokotala liti? Yang'anani usipa wanuwo, ntchentche zatha theka."

"Ine ndangonena."

"Mwanena, ndamva."

Agogo anaseka, mnzawonso anaseka. Koma titafika kunyumba agogo anakwera pamtondo, kupisa dzanja kudenga, n'kutsitsa kapu ija. Anaipukuta mwaye, kuitsuka, kundipatsa.

"Uzimwera iyi. Ndi ya mayi ako, ndiye kuti ndi yako."

Ananena ngati akundipatsa mphatso. Ndinayang'ana chogwirira. Ulusi wofiira unali pomwepo ndipo sanaumasule. Kuyambira tsiku limenelo ndinadziwa chimene agogo ankaganiza, ndipo inenso ndinayamba kuganiza chomwecho, kuti chimene chinatenga bambo ndi amayi chafika pa ine. Dzina la matendawo sitinkalitchula m'nyumba mwathu. Mankhwala otalikitsa moyo anali asanafike kumidzi, ndipo amene anayamba kumwera kapu yakeyake tinkadziwa kumene akupita.

Kuchipatala chaching'ono cha kwathu anandipatsa timabotolo tolavuliramo makhololo. Atayeza anati sakupezamo chifuwa chachikulu, koma poona mmene ndinaondera anatitumiza kuchipatala chachikulu mu Blantyre kuti akandijambule pachifuwa. Tinakwera minibasi n'kukafikira kwa amalume ku Chileka, kuti tilawirire m'tauni mawa lake. Kapu inali m'chikwama cha agogo. Pa chakudya anaitulutsa n'kuiika patsogolo panga, ana a amalume akuyang'ana. Amalume anaizindikira. Anasiya kudya.

"Amayi, mawa mumuyezetsenso magazi mwanayu."

"Ndikadziwa ndiye nditani? Ndinadziwa za mlongo wako, chinasintha n'chiyani?"

"Kudziwa ndi kudziwa basi."

Ndege ina inadutsa pamwamba pa nyumba, malata n'kunjenjemera, ndipo aliyense anabwerera pa mbale yake.

Adokotala amene anationa anali bambo wa imvi, wolankhula mosafulumira. Anatenga chithunzi chakuda chija n'kuchitsamiritsa pagalasi lowala. Ndinaona nthiti zanga kwa nthawi yoyamba. M'munsi, mbali ya kumanja, munali timizere tozungulira, titatu kapena tinayi, tokhala ngati thovu la sopo likatera pansalu.

"Agogo, mukuona izi? Ndi mphako. M'kati mwake muli mpweya wokha."

Agogo anagwedeza mutu. "Mayi wake analinso nazo. Anandionetsa."

"Mwina anali nazo, koma mphako zimasiyana. Ya chifuwa chachikulu kawirikawiri imakhala kumtunda kuno, kufupi ndi phewa, ndipo khoma lake limakhala lokhuthala, lokumbikakumbika ngati una wa mbewa. Izi zili pansi, ndipo taonani khoma lake, lopyapyala ngati lalembedwa ndi pensulo yosongoka. Sindikunena kuti si chifuwa chachikulu. Chithunzi chokha sichitchula dzina la matenda. Ndiye ndikufunsani mafunso, musatope nane."

Anafunsa ngati ndinadwalapo chibayo chachikulu ndili khanda, chifukwa pali tizilombo tina timene timasiya mphako zotere mwa ana. Agogo anati ayi. Anafunsa ngati ndinagwapo mumtengo kapena kugundidwa pachifuwa. Ayi. Ngati ndinabadwa ndi vuto la kupuma. Ayi.

"Fodya sasuta?"

"Uyu? Wa mphuno wangayu akangomununkhiza amayetsemula mpaka mawa."

Adokotala anamwetulira, kenako ananena mosabisa kuti palinso chibayo china chimene chimagwira anthu amene chitetezo cha m'thupi chatsika, ndipo nachonso chimaboola mapapo motere. Anapempha kuti andiyeze magazi. Agogo anayang'ana pansi, kenako anavomera ndi mutu.

"Wamwapo china chake chachilendo? Mankhwala achikuda?"

"Ayi."

Agogo sananame. Inenso ndikanafunsidwa ndikanayankha chimodzimodzi. Kwa ife palafini sanali chinthu chomwa. Inali ntchito, ngati kudzicheka ndi chikwakwa pomweta udzu. Komanso nkhani ija inali itathetsedwa tsiku lomwelo.

Adokotala anali atayamba kulemba, ife tikukonzeka kunyamuka, pamene agogo analankhula okha, ngati munthu wodandaula kwa Mulungu osati kwa dokotala.

"Chonsecho mwanayu anali wolimba. Sankadwaladwala. Ngakhale palafini amene anatsamwa naye uja, ndinamusanzitsa yense, mawa lake anapita kusukulu."

Cholembera chinaima.

"Palafini? Liti?"

Ndinafotokoza ndine, poti agogo anadabwa kuti nkhani yachabe ngati imeneyo ikufunsidwa. Ndinanena za chigubu, za kapayipi katsopano, za madzi a mchere. Adokotala anafunsa ngati kutentha thupi kunayamba zimenezi zisanachitike kapena zitachitika. Ndinaganiza, ndipo ndinaona kuti kunayamba zitachitika. Palibe amene anali ataziika pamodzi.

"Palafini m'mimba sachita zambiri," anatero adokotala. "Choopsa ndi akalowa njira ya mpweya. Ndi mafuta opepuka, amayenderera m'mapapo n'kuwawotcha, ndipo pamene papsapo, pakapita masabata, pamatha kufufuma mphako ngati izi. Amalowa munthu akatsamwa. Amalowanso munthu akamasanza, chifukwa mafuta aja amadutsanso pakhosi kachiwiri."

Agogo anawayang'ana.

"Ndiye kuti ndine?"

"Ena analowa potsamwa paja, inu musanamugwire. Koma kusanzitsa musadzachitenso, ndipo mukawauze anzanu. Mwana akamwa palafini, mutengeni mubwere naye."

"Ndafunsa kuti ndine kapena ndi mayi wake?"

"Magazi ndi amene atiuze. Koma mmene ndikuonera chithunzichi, ndikuganiza kuti ndi chigubu chanu."

Sanandiyambitse mankhwala a chifuwa chachikulu. Anandipatsa ena a chibayo, n'kunena kuti mphako za mtundu umenewu zambiri zimaphwa zokha, ndipo tidzabwerenso patapita miyezi kuti adzajambule chithunzi china n'kuyerekeza. Anatichenjeza kuti ndikadzamva kubaya mwadzidzidzi n'kubanika tisadikire, chifukwa mphako yopyapyala imatha kuphulika.

Mu minibasi yobwerera ndinkayembekeza kuti agogo akhala ndi manyazi kapena alira. Koma anagula nthochi pawindo, kundisendera, n'kuyamba kuuza mayi wosamudziwa amene anakhala naye pafupi kuti iwo, nkhalamba yopanda nzeru, atsala pang'ono kupha mdzukulu wawo ndi madzi a mchere. Ankanena nkhope ikuwala. Nthawi imeneyo sindinamvetse. Ndinadzamvetsa nditakula, kuti munthu amene waika m'manda mwana ndi mkamwini popanda chimene akanachita, akauzidwa kuti ulendo uno cholakwa ndi cha manja ake, amachilandira ngati mvula yoyamba. Cholakwa cha manja chimasiyika.

Zotsatira za magazi zinabwera zabwino. Amalume ndiwo anatiperekeza kukazimva, ndipo potuluka anakhala pansi pakhonde la chipatala. Komabe titafika kwathu agogo anapitiriza kundipatsa madzi m'kapu ija. Mawu a pakamwa sankawakhulupirira kwenikweni. Za amayi anauzidwanso mawu ambiri olimbikitsa. Iwo ankadikira chithunzi.

Ndinasiya kutsokomola chimanga chisanabzalidwe. Ndowa ndinayamba kufika nayo pakhomo osatula. Mvula itagwa tinapitanso m'tauni, ndipo adokotala aja anaika zithunzi ziwiri pagalasi, chakale ndi chatsopano. Agogo anaimirira, kuyandikira mpaka mphuno kutsala pang'ono kugunda galasi, n'kuyamba kufufuza ndi chala. Pamene panali timizere tozungulira panatsala kamodzi kokha, kakang'ono ngati njere ya nandolo, kosaoneka bwino.

"Zapita kuti?"

"Zaphwa. Mapapo a mwana amadzikonza."

"Za mayi wake zinkangokula."

"Ee. Izi si zimenezo."

Mawa lake linali tsiku la msika. Kapayipi kaja agogo anali atakaponya kale m'chimbudzi, ndipo miyezi yonseyo tinkavutika kupendeketsa chigubu awiri, mafuta akutayikira pansi. M'mawa umenewo anatenga beseni lakale, tinathiramo palafini, n'kudula botolo lapulasitiki kuti likhale lothirira. Chinasowa ndi chotungira. Agogo analowa m'nyumba n'kutuluka ndi kapu ya amayi. Anayesa kumasula ulusi ndi zikhadabo, koma mfundo inali itauma ndi zaka, ndiye anaudula ndi mpeni. Kenako anamiza kapu ija m'palafini mpaka chogwirira.

Chitsulo chikalowa palafini fungo silichoka, ngakhale utsuke ndi phulusa kangati. Tonse tinkadziwa kuti palibe amene adzamwerenso m'kapu imeneyo.

Pamsika mayi wa usipa uja anaiona, n'kundiyang'ana ine, n'kuyang'ananso kapu.

"Anzanga, mwapeza muyezo watsopano? Musatibere nawo."

"Inu amene mumayeza usipa ndi mbale yophwanyika pansi?"

Dzuwa litakwera ndinamva ludzu. Agogo anatunga madzi m'chikho chawo, kumwa theka, otsalawo n'kundipatsa.